KHOMO LA KUSERI

Tsiku lina m'mwezi wa August, fodya atatha kupita ku misika ndipo zigafa zitangoti mbee, ndinamva odi pakhomo panga dzuwa litapendeka. Anali mkulu wina wa kutsidya kwa mtsinje wa Lisasadzi, mwini mbumba, amene mwana wa mlongo wake anali m'Sitandade 7 pa sukulu imene ndiyang'anira. Nditampatsa mpando anaukana, nakhala pa mkeka, nabvula cipewa. Titafunsana za moyo ndi za kumudzi, anakhosomola pang'ono, nati:

"Aphunzitsi, ndabwera ndi mau ondilemera. Bwana wina wa ku Lilongwe, uja amagula soya ndi mtedza kunoyu, wamuona mwana uja, ndipo wamkonda. Akuti amtenge akakhale kwao, azikasesa pabwalo, kutsuka galimoto ndi kutumidwa kumsika, ndipo iwo adzamphunzitsa kufikira sekondale. Mai wake angolira, ine nzeru zandithera. Inu mudziwa za makalata. Timpereke kodi, kapena timkanize?"

Mnyamatayo ndimdziwa bwino. Ndiye uja amatsiriza masamu anzake asanathe kusongola pensulo. Atate wake anali tenanti pa esiteti ina ya fodya, ndipo caka cina ngongole itawakulira anacoka usiku, osabweranso. Pamudzipo panalibe munthu wotha kumgulira yunifomu, mabuku ndi zina zofunika ku sekondale. Ndinapempha mkuluyo kuti andipatse masiku atatu. Usiku umenewo tulo sitinabwere, ndipo ndinapezeka ndirikuganiza za munthu wina wa ku Cape Town amene anamwalira mu 1940, amene mbiri yake anailemba Jonty Winch ndi Richard Parry m'buku lao la mu 2020 lochedwa Too Black to Wear Whites. Munthuyo naye anaitanidwa kuti alowere pa khomo la kuseri, ndipo anakana.

Poyamba ndifotokoze za masewera ake, pakuti ambiri a ife kuno ku Kasungu sitinawaone ndi maso. Amawachula kiriketi. M'masiku a atsamunda ankasewera Azungu ndi Amwenye m'makalabu ao ku Blantyre, ku Limbe ndi ku Zomba, anthu akuda nkumangotola mpira ndi kuchecha udzu. Koma lero ana a Amalawi nao amasewera. Mbali iri yonse ikhala ndi anthu 11. Pakati pa bwalo amazika timitengo titatu uku ndi titatu uko, motalikirana mayadi 22. Wina aponya mpira wolimba, wokutidwa ndi cikopa, nalinga pa timitengo. Wina aimirira patsogolo pa timitengoto ndi thabwa losemedwa bwino, kuti achinjirize ndi kuumenya mpirawo upite kutali. Ukapita kutali athamanga kucoka uku kufika uko, ndipo ulendo uli wonse auwerenga ngati cigoli cimodzi. Timitengo tikagwa, kapena wina akawakha mpira usanagwe pansi, womenyayo watuluka. Amene anaonerera atsikana akusewera fulaye adziwa kuti woponya wa dzanja lamphamvu ndi woongoka ndiye cuma ca gulu lake. M'kiriketi ziri comweco.

William Henry Hendricks anabadwa mu 1857 ku Cape Town, ndipo anzake ankamuitana Krom, liu la Cibunu lonena cinthu cokhota. Anali wa anthu aja a magazi osakanizika amene boma la kumeneko linkawachula Makaladi. Anali woponya mpira, ndipo ankauponya mwa liwiro loopsya. M'mwezi wa March 1892 gulu la akatswiri a ku Mangalande, lotsogozedwa ndi Walter Read, linasewera pa bwalo la Newlands ndi gulu la anthu 18 osakhala Azungu, lochedwa la Amalay. Angerezi anapambana, koma Hendricks anatulutsa anai a iwo, iwo atapeza zigoli 50 zokha pa mipira yake. Alendowo anabwerera kwao akumtama, nanena kuti South Africa akadzatumiza gulu ku Mangalande asadzamsiye munthu ameneyu.

Nthawiyo inakwana mu 1894, pamene South Africa anakonza ulendo wake woyamba wa kiriketi wopita ku Mangalande. Ambiri odziwa masewerawa anachula dzina la Hendricks. Koma wapampando wa osankha anali William Milton, amene iye mwini anatsogolerapo gulu la South Africa, ndiponso anali mlembi wa Cecil Rhodes, nduna yaikulu ya dziko la Cape pa nthawiyo. Maina awiriwa si acilendo kwa ife. Kampani ya Rhodes ndiyo inkapatsa Harry Johnston mapaundi 10,000 pa caka kuti ayendetsere boma la dziko lathu lino m'zaka zoyamba kucokera mu 1891. Ndipo Milton anakalamulira Southern Rhodesia kufikira mu 1914, kotero kuti makolo athu amene anapita ku Halale anakhala pansi pa dzanja lake. Anthu awiriwa sanafune kuti munthu wosakhala Mzungu akaimirire South Africa pamaso pa Angerezi. Rhodes mwini wake anauza pambuyo pake katswiri wina wa ku Mangalande, Pelham Warner, kuti iye ndiye anakana.

Pamenepo mlembi wa bungwe la kiriketi, Harry Cadwallader, amene ankafunitsitsa kuti Hendricks apite, anapeza nzeru imene iye anaiyesa yabwino. Anati Hendricks apite monga wonyamula katundu wa gululo. Akafika kutsidya kwa nyanja adzatha kulowa m'bwalo ndi kuponya mpira. M'cinenero cathu tingati anafuna kumlemba umtengatenga. Hendricks atamva analembera nyuzipepala ya Cape Times kuti iye sangaganize nkomwe zopita mwa njira imeneyo. Sitima inanyamuka iye natsala. M'zaka zotsatira akuluakulu a kiriketi a cigawo ca Western Province anaika malamulo omtsekera kunja kwa mipikisano yao yaikulu, ngakhale kalabu ya Woodstock inkamfuna. Sanasewerepo m'gulu la cigawo cake ngakhale la dziko lake kufikira imfa yake, ali ndi zaka 82.

Tsono funso langa ndi ili: kodi anacita bwino kukana?

Ndiyambe ndi mbali imene mtima wanga unayamba kupendekera usiku uja, ndiyo yakuti analakwa. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pacala ngwa mphepo. Ulendo wa ku Mangalande unali pamphuno. Cilungamo cimene iye ankaciyembekeza cinali pacala, ndipo mphepo inaciulutsa. Akadapita, bwenzi ataponya mpira pa bwalo la Lord's ku London, anthu zikwi akuona, manyuzipepala akulemba. Ndani akadakumbuka kuti m'sitima analembedwa wonyamula katundu? Dzanja lake likadamnenera mlandu koposa kalata ya mu nyuzipepala. Pokana, anapeputsa nchito ya adani ake, pakuti sanafunikenso kumbisa kapena kufotokoza kanthu.

Ndiponso ife a ku Kasungu sitingayese kunyamula katundu cinthu conyazitsa. Agogo athu anasenza mitolo ya Azungu kucokera kunyanja, ndipo pa nkhondo ya 1914 zikwi zambiri za amuna a dziko lino anagwidwa umtengatenga, ambiri nafera m'njira. Ena anapita ndi Wenela ku migodi ya ku Joni, ena ndi Mthandizi ku mapulazi a ku Rhodesia, kumene bambo wa imvi ankaitanidwa boyi ndi kamwana ka Mzungu. Anameza mate, napirira, nabwera ndi njinga, makina osokera ndi ndalama zimene zinaphunzitsa atate athu. Sitingawachule amantha anthu amenewa. Ife tidya thukuta lao. Ngakhale Kamuzu Banda, mwana wa kuno, atacoka pansi ulendo wa kumwera ca m'ma 1915, anayamba ndi nchito ya kusesa pa cipatala ca ku Hartley, mzinda umene lero uchedwa Chegutu, nakakhala kalaliki pa mgodi pafupi ndi Johannesburg, asanapite ku America mu 1925 ndi kutenga udokotala ku Meharry mu 1937. Za ulamuliro wake anthu anena zambiri, zokoma ndi zowawa, ndipo sindizo nkhani yanga lero. Ndingoti akadanyoza tsace sakadagwira mpeni wa dokotala.

Ndi maganizo amenewa ndinatsala pang'ono kutumiza mau kutsidya kuti mwana apite. Koma m'mawa mwake, ndirikuyenda kupita ku sukulu, ndinaona kuti ndasakaniza zinthu ziwiri zosiyana.

Wosesa pa cipatala ca ku Hartley analembedwa kuti asese, ndipo anasesa. Agogo athu analembedwa kuti akumbe mgodi, ndipo anakumba. Nchito inali yowawa, malipiro anali ocepa, koma dzina la nchitoyo linali loona. Hendricks sanamfunire katundu ai. Ku Cape Town kunali amuna ambiri amphamvu otha kusenza masutikesi. Anamfunira dzanja lake loponya mpira, koma anafuna kuti dzanjalo alitenge popanda mwini wake. Anafuna kuti masana akhale katswiri wowapambanitsa, madzulo akhale wanchito wosadya nao pa gome limodzi. Kuti gulu likapambana ulemu ukhale wa Azungu 11, pamene wina wa iwo sanali Mzungu. Ici sicinali kudzicepetsa, cinali bodza, ndipo anampempha kuti iye mwini abvomereze bodzalo ndi kulisenza pamutu pamodzi ndi katundu.

Tizindikire kuti Angerezi anali nao kale mwambo wa makomo awiri ngakhale pakati pao. Kufikira mu 1962 osewera kiriketi a ku Mangalande anali ogawidwa pawiri: ena, ana a anthu acuma, ankasewera mongokonda, osalandira malipiro, ndipo ankachedwa mabwana, ena ankasewera kuti apeze cakudya. Pa mabwalo ena magulu awiriwa ankabvalira m'zipinda zosiyana ndi kulowa m'bwalo pa zipata zosiyana, angakhale anali a mbali imodzi. Komabe wosaukayo dzina lake linkalembedwa pa mndandanda wa osewera. Khomo limene anamtsegulira Hendricks linali lacitatu, la munthu amene alipo koma awerengedwa ngati palibe.

Pali munthu wina wa ku Cape Town komweko amene mbiri yake itithandiza kuona kusiyanaku. Basil D'Oliveira, wobadwa mu 1931, naye Mkaladi, anatsekeredwa kunja monga Hendricks. Mu 1960 anapita ku Mangalande kukasewerera kalabu yaing'ono ya Middleton, anansi ake atasonkha ndalama za ulendo. Anayambira pansi ndithu, m'dziko lozizira, pakati pa alendo. Koma analowa monga wosewera, ndi dzina lake. Mu 1966 anasankhidwa m'gulu la England. Mu 1968, England ali pafupi kupita ku South Africa, munthu wina wa kampani ya fodya anamlonjeza mapaundi 4,000 pa caka kuti akakhale mphunzitsi wa masewera kwao, pokhapokha atadzicotsa yekha pa mndandanda wa oyenera kusankhidwa. Anakana. M'mwezi wa August caka comweco anapeza zigoli 158 posewera ndi Australia, ndipo atasankhidwa, nduna yaikulu John Vorster inati gulu lokhala ndi iye lisaponde m'dzikomo. Ulendo unalephereka, ndipo kucokera mu 1970 kufikira mu 1991 maiko anakana kusewera ndi South Africa. Munthu mmodzi yemweyo analandira malo apansi mu 1960, nakana cuma mu 1968, ndipo sindiona kuti anadzitsutsa. Poyamba anampempha kuti ayambe pang'ono, kaciwiri anampempha kuti adzibise.

Cina cimene ndinaciona ndi ici, kuti munthu wolowa pa khomo lotere salowa yekha. Hendricks akadabvomera, nzeru ya Cadwallader ikadasanduka mwambo. Mnyamata ali yense wakuda wa luso akadauzidwa kuti, Krom anapita monga wonyamula katundu, iwe ndiwe yani kuti ufune zoposa? Ife aphunzitsi tidziwa mphamvu ya citsanzo coyamba. Mukalola mwana mmodzi kulowa m'kalasi pa zenera, sabata isanathe zenera lasanduka khomo.

Koma ndisanamveke ngati ndamaliza mlandu, ndiyenera kuulula zinthu ziwiri zimene zindibvutabe.

Coyamba, kukana kwa Hendricks sikunatsegule kanthu m'masiku ake. Panapita zaka pafupifupi 100 kuti Omar Henry, Mkaladi, asewerere South Africa mu 1992, ndi kuti Makhaya Ntini, amene anakula akuweta ng'ombe m'mudzi wa Mdingi, alowe m'gululo mu 1998. Mu June 2025 Temba Bavuma, munthu wakuda wa ku Langa mu Cape Town, anatsogolera South Africa pa bwalo la Lord's nagonjetsa Australia pa mpikisano wa dziko lonse. Nkokoma kulemba kuti Hendricks anabzala ndipo Bavuma anakolola, koma sindikhulupirira kuti nzoona. Khomo linatseguka cifukwa ca nkhondo ya anthu ena ambiri, ndipo ambiri a iwo sanamvepo dzina lake. Iye anakalamba naiwalika. Moyo wa munthu ndi umodzi, ndipo mphamvu ya dzanja ikhala zaka zowerengeka. Mu 1894 anali kale ndi zaka 36. Ife amene timtama lero sitinalipe mtengowo. Nkwapafupi kwa ine, wolandira malipiro mwezi ndi mwezi, kuuza mwana wa tenanti kuti asunge ulemu wake. Ulemu suphikidwa m'mphika.

Caciwiri ncowawa koposa. Podziteteza, Hendricks anafotokoza kuti iye sanali Mmalay, kuti atate wake anali a mtundu wa Cidachi ndipo mai wake anali wa ku cisumbu ca St Helena. Kunena kwina, sanatsutse makwerero amene Azungu anaika. Anangoti amuika pa sitepe yolakwika. Sindimweruza, pakuti munthu womira agwira ciri conse. Koma ici cionetsa kuti m'kukana kwathu mumabisala zinthu ziwiri zofanana nkhope, kudzilemekeza ndi kudzikuza. Wodzilemekeza akana cifukwa cimene amuuza kuti acite ncabodza, ndipo akadacikana ngakhale akadacipereka kwa mnzake. Wodzikuza akana cifukwa ayesa kuti malowo ayenera anthu ena, osati iye. Ndaona anyamata otsiriza Fomu 4 akukhala pa sitolo tsiku lonse, kukana kugwira khasu kapena kusoka fodya, amai ao akuwerama m'munda. Amenewo asadzitonthoze ndi dzina la Hendricks. Iye anakana kubisidwa. Iwo akana thukuta.

Motero ndinafika pa maganizo awa, kuti pamene munthu atiitanira pa khomo lacabecabe tisayambe ndi kufunsa ngati khomolo ndi lalifupi, pakuti kuwerama sikupha munthu. Tifunse ngati cimene atilembera ndico cimene atifunira, ndiponso ngati mwini nyumba angathe kunena poyera, pamaso pa anthu, dzina limene tidzakhala nalo m'nyumbamo. Cadwallader sakadatha kuimirira pa doko la Cape Town ndi kunena kuti uyu ndi mmodzi wa osewera athu. Nzeru yake yonse inatsamira pa kusanena.

Tsiku lacitatu mkulu uja anabweranso, ndipo ndinamuuza nkhani yonseyi monga ndailembera pano, kungosiya maina obvuta. Anamvetsera mwacifatse, nafunsa ngati Mkaladiyo anali ndi ana, ndi cimene ankadya atakana. Kenaka ndinati:

"Bambo, kusesa pabwalo si mlandu, mwanayu amasesa kale pano pa sukulu. Koma pitani mukafunse bwanayo zinthu zitatu. Akuuzeni dzina la sukulu imene mwana akalowe, ndipo mukaione ndi maso anu. Akuuzeni ngati alendo akabwera pakhomo adzati uyu ndi mwana amene tikumphunzitsa, kapena adzati ndi boyi wathu. Ndipo abwere anene lonjezo lake pamaso pa nyakwawa ndi pamaso panga, tilembe pa pepala. Akabvomera zonsezi, mpatseni mwana. Akayamba kuzungulira, dziwani kuti afuna manja a mwanayo, mutu wake alibe nao nchito."

Anapita, nabwera patatha sabata. Bwanayo anachula dzina la sukulu msanga. Pa funso laciwiri anaseka, nati mwana ndi mwana. Za pepala anakana, nati iye si munthu wa milandu, ndipo ngati samkhulupirira ana ofuna mwai wotere ali mbwee. Ine ndinati mwana asapite. Mkuluyo anakhala cete nthawi yaitali, akupotokola cipewa cake, nati:

"Mwanena zoona, Aphunzitsi, ndamva. Koma nkhokwe ya mlongo wanga ifika November yokha. Mwana akatsala, January adzakhala ali pa ganyu m'fodya wa eni, ndipo kuno simudzamuonanso. Kumeneko mwina adzaphunzira, mwina ai. Kuno ndidziwa kuti ai."

Ndinasowa poyankha. Ndinaganiza zomtenga mwanayo kuti akhale kwanga, koma m'nyumba mwanga muli kale ana anga anai ndi awiri a malemu acimwene anga, ndipo amai a kunyumba anandiyang'ana osanena kanthu.

Mnyamatayo anakwera lole ya soya m'mawa wa Loweruka, atanyamula thumba la pulasitiki. Ndinamlembera kalata yosamukira, ndipo ndinalemba dzina lake lonse ndi la mfunda wake m'zilembo zazikulu, ndi mau akuti wophunzira wa Sitandade 7, woyamba m'kalasi mwake. Ndinalembanso nambala ya telefoni yanga m'kati mwa cikuto ca kope lake la masamu, ndi kumuuza kuti akapanda kulowa sukulu milungu iwiri itatha, apemphe telefoni kwa munthu ali yense andiimbire. Kwa mphunzitsi wamkulu wa sukulu ija ndinatumiza kalata yina, yopempha kuti andidziwitse mwanayo akalembedwa m'kaundula. Teremu yatsegulidwa, lero ndi sabata lacitatu. Telefoni siinalire, ndipo yankho la kalata silinafike.